Kamera ya pa Bwemba

Anthu a kwa Mponda ankafuna kuti tiwapatse Swadick amuotche, ndipo amene ankalalata kuposa onse pageti la polisi anali mkamwini wa malemuyo, bambo wa mkanjo woyera dzina lake Atumani.

"Mukumusungiranji?" anafunsa akundiloza chala m'maso. "Wapha apongozi anga ngati nkhuku, inu mukumuphikira tiyi. Ine ndikanapanda kukhala ku Katuli kogula nandolo tsiku limenelo, bwenzi pano mulibe woti mumusunge."

"Chotsani chalacho, bambo," ndinatero. "Ndikachithyola mudzati apolisi ndi ankhanza."

Anachichotsa. Analowa m'kagalimoto kake koyera, kolembedwa SUBIRA pagalasi la kumbuyo, n'kunyamuka mwaukali mpaka fumbi linatiphimba tonse. Subira ndiye kuleza mtima m'malankhulidwe a kumzikiti, koma mwini galimotoyo analibe ndi kadontho komwe.

Ine ndine Sajeni Mabel, ntchito yanga ndi yofufuza milandu, ndipo anzanga amati ndili ndi mtima wapachala. Sanama ayi.

Nkhani yake inali iyi. Lachinayi m'mawa Abiti Dinala, mayi wachikulire wogulitsa usipa wouma, ankayenda m'mbali mwa msewu wochokera ku Monkey Bay, beseni lili pamutu, ulendo wa kumsika. Galimoto inawagunda kumbuyo n'kuwaponyera m'ngalande pansi pa mtengo wa bwemba, ndipo sinaime. Amene anawapeza ndi wakabaza, dzuwa litakwera kale, akupumabe. Anathera panjira yopita kuchipatala, madzulo ake n'kuikidwa monga amachitira Asilamu. Adokotala anandiuza mosabisa kuti akanafika nawo msanga akanachira. Mawu amenewo ndi amene ankanditentha mumtima, chifukwa kugunda munthu ndi ngozi, koma kumusiya m'ngalande ndi ufiti.

M'mawa womwewo anzathu a pamsewu anaima chapafupi, pakamlatho, ali ndi kamera yoyezera liwiro, ndipo inagwira pikapu yoyera ya Swadick, wonyamula nsomba, ikuthamanga. Pikapuyo inali yopindika kutsogolo. Anthu atangomva zimenezo sanafunenso kumva zina. Anamuotchera khitchini, mkazi wake Shakila n'kuthawira ndi ana pakhonde la kuseri kwa ofesi yathu, ndipo anyamata a m'mudzimo analumbira kuti Loweruka, sadaka ya malemu ikangotha, nyumba yonse ipsa. Tsiku limene Atumani ankandiloza chalali linali Lachisanu.

*

Swadick ndinamupeza atakhala pakona ya chitolokosi, akununkhabe nsomba za dzulo.

"Wallahi, amayi, kuthamanga ndinathamangadi," anatero motsitsa mawu. "Nsomba zinalibe ayezi, dzuwa likutuluka. Anandiimitsa pakamlatho paja, anandilembera, ndinanyamuka ngati wodwala. Munthu woti wangolipitsidwa kumene angathamangenso?"

"Nanga kupindika kutsogoloko?"

"Ng'ombe ya ku Makawa, chaka chatha. Kakandeni, mukapeza dzimbiri."

Ndinali nditakanda kale ndipo dzimbirilo linalipo. Koma dzimbiri silizimitsa moto wa anthu okwiya.

"Pa bwemba paja munaonapo chiyani?"

"Usipa uli mbwee pamsewu. Ndinati wina wagwetsa thumba panjinga." Anapukuta nkhope ndi malaya. "Ndikanadziwa kuti m'ngalandemo muli Abiti Dinala ndikanawanyamula. Mayi amene aja ankandigula usipa ndisanakwatire. Ana anga adya, amayi?"

Ndinamuuza kuti adya. Ngati ankanena zoona, ndiye kuti iye pofika pa bwemba mayiyo anali atagundidwa kale, ndipo wogundayo anadutsa pamaso pa apolisi bwinobwino.

*

Amene anagwira kamera tsikulo ndi Konstabo Basil, munthu amene funso lililonse amayankha ngati akuwerenga chikwangwani.

"Malinga ndi kagwiridwe ka ntchito, a Sajeni, kamera imasunga galimoto zokhazo zimene zapyola liwiro."

"Zoyenda bwino?"

"Sizisungidwa."

"Swadick asanafike, panadutsa ina yoyera?"

"Malinga ndi kuona kwanga, zoyera ndi zambiri. Theka la galimoto za m'Mangochi muno ndi zoyera. Komanso zonse zimadutsa pa ife ngati zikuperekeza maliro. Wochokera kuboma akationa amakaphethirira nyali anzake kutsogolo, ndiye pofika pa ife aliyense ndi mngelo. Akangokhota pakona paja mumangomva injini ikulira."

"Muli pakamlathopo, pa bwemba pamaoneka?"

"Sipaoneka. Kona imatchinga."

Ndinatuluka ndisanamunenere zoipa, pakuti Basil sanalakwe kanthu. Chimene chinkandinyansa ndi chibale cha madalaivala ichi. Mwana akamawoloka msewu palibe amaphethirira mnzake nyali, koma akaona yunifomu, onse amasanduka a mimba imodzi. Mapeto ake kamera imagwira wopusa yekha amene sanauzidwe, wochenjera akupita.

*

Nyumba yoyandikira mtengo wa bwemba ndi ya mayi wina dzina lake Tatu. Ndinamupeza akuanika makaka pamphasa.

"Elo, ndinamva," anatero, Chichewa chake chikukokera ku Chiyao. "Ine ndinali kuseri, ndikutsuka mbale. Ndinangomva kuti phu. Ndinati tayala laphulika. Kusuzumira, ndikuona galimoto yoyera ili uko, ikupita."

"Pikapu kapena yaing'ono?"

"Ine galimoto ndi galimoto, ambuje. Yoyera basi."

"Mabuleki munawamva? Kapena hutala?"

"Ngwamba. Palibe. Inangoti phu, injini n'kumakulirakulira."

Ndinapita pamsewu kukaona ndekha. Tala analibe mzere ngakhale umodzi wa matayala. Pamenepo msewu ndi wowongoka, kunja kunali kutayera, ndipo mayiyo anali ndi beseni lonyezimira pamutu. Dalaivala woledzera amayesako kuponda buleki, ngakhale mochedwa. Uyu sanayese n'komwe. Ndiye kuti maso ake sanali pamsewu.

Tatu anandilondola, akupukuta manja pachitenje.

"Koma tsiku limenelo panali zodabwitsa, ambuje. Zitachitika zimenezo, galimoto zinkati zikafika pa bwemba pano, zikuchepetsa liwiro. Zochokera uku, zochokera uko, chimodzimodzi. Madalaivala akutulutsa mitu, kuyang'ana uku ndi uku ngati akufuna munthu. Ine ndinati kapena kudutsa bwana wamkulu."

"Panaima ngakhale imodzi?"

"Ngwamba. Zimangoyenda pang'onopang'ono, zikapitirira mtengowu, zikuthamanganso."

Ndinayang'ana m'ngalande muja, udzu udakali wogona pamene panali mayiyo. Apolisi anali kuseri kwa kona, kutali ndithu. Nanga madalaivala onsewo ankaopa chiyani pa bwemba?

*

Kudepoti ya maminibasi sindinavutike. Nditangotchula Lachinayi ndi bwemba, makondakitala anaseka n'kundilozera dalaivala wina wamtali, Trevor, amene ankadya chipisi atatsamira chitseko cha basi yake.

"Madamu, inu apolisi ndilibe nanu mawu," anayamba ndisanafunse. "Kutilembera ndi ntchito yanu, kuthawa ndi ntchito yathu, aliyense akudyetsa ana. Amene ndamukwiyira ine ndi chitsiru chimene chinaika kamera pabodza."

"Kuika kamera? Kamera imaikidwa ndi apolisi."

"Ayi, pafoni." Anazula foni imene inamatidwa pafupi ndi chiwongolero. "Mukuwaona mapu awa? Amayankhula. Ukamayenda amakuuza kuti khota uku, kutsogolo kuli dzenje, kutsogolo kuli kamera. Ndiye makamera a kuno si omangirira pamtengo ngati a ku Joni. Ndi a m'manja, lero ali apa, mawa ali apo, mapu sangawadziwe okha. Timauzana tokha. Ukadutsa apolisi umadina apa, kenako apa, kenako apa kutsimikiza. Kachizindikiro kamatuluka pamapu, aliyense wobwera foni yake imamuchenjeza. Pakapita nthawi kamafufutika kokha."

"Ndiye Lachinayi zinatani?"

"Ndikuchokera ku Monkey Bay, basi yodzadza, foni ili zii. Ndikuti msewu ndi wanga. Kufika pakamlatho, uyo Basil, dzanja m'mwamba. Wandilembera. Ndangonyamuka chonchi, kamayi ka m'foni ndiye kakuti kutsogolo kuli kamera. Kutsogolo kuti, mayi iwe, poti andidya kale? Ndikuyang'ana, kachizindikiro kali pa bwemba. Pa bwemba pali wapolisi? Ndinajambula pomwepo n'kuponya pagulu lathu la madalaivala, ndi mawu oti sindingabwereze pamaso panu."

"Chithunzicho chilipo?"

Chinalipo. Mzere wa msewu, kamlatho, kona, ndipo patsogolo pa konayo kachizindikiro ka kamera.

"Tandiuzani bwino," ndinatero. "N'chifukwa chiyani kali apa, apolisi ali uku?"

"Chifukwa foni sidziwa pamene pali apolisi, madamu. Imadziwa pamene uli iweyo nthawi imene ukudinayo. Basi. Wanzeru amadina pomwepo, foni ili pamwendo. Koma uyu ndi wamantha. Anaopa kuti Basil amuona ali ndi foni m'manja, ndiye anadikira akhote kona, waponda mafuta, kenako n'kuyamba kusakasaka podina. Pomaliza kudina anali pa bwemba. Watilipitsa tonse chifukwa cha..."

Anasiyira panjira. Chipisi chimene anatola anachibwezera m'pepala.

"Pa bwemba si pamene anagundira amayi aja?"

Ndinali nditagwira chitseko cha basiyo mwamphamvu, chifukwa ndinkaona zonse. Munthu waweramira foni, phazi lili pamafuta, akuchenjeza anzake. Ndipo anzakewo, m'mawa wonse, ankafika pamene mayi akuvutika m'ngalande, kuchepetsa liwiro, kutulutsa mitu kufunafuna chipewa cha wapolisi. Panalibe ndi mmodzi yemwe woyang'ana pansi. Swadick foni yake ndinali nayo mu ofesi, kafoni ka mabatani komanga ndi mphira, koti mapu sikawadziwa.

"Woikayo amadziwika?" ndinafunsa.

"Dzina la pamapu limaoneka, ili m'munsimu. Nkhope sitimudziwa, koma ndi katswiri. Lachinayi lililonse m'mawa, kuchokera ku Chembe mpaka kuboma, amatichenjeza ndi iyeyu. Mapu anachita kumuveka kachisoti kaufumu."

Anakulitsa chithunzicho ndi zala ziwiri. Pansi pa kachizindikiroko panalembedwa kuti Che Subira.

*

Loweruka ndinafika kwa Mponda shehe akumaliza dua, pemphero lopempherera malemu. Amuna anakhala pamikeka pansi pa mango, amayi pakhonde, mbale za mpunga zikuyamba kuyenda. Kuseri kwa bafa ndinaona anyamata atabisa zigubu ziwiri, ndipo fungo la petulo silibisika. Ndinabwera ndi Basil ndi anzathu ena, galimoto n'kuiimika moyang'ana kumsewu.

Khoswe akakhala pamkhate sapheka. Munthu amene ndinkamufuna ndi amene ankalandira alendo, ndiye anagula mpunga, ndiye ananyamula nawo jeneza, chithatha cha maliro, Lachinayi. Kagalimoto kake kanali pambali pa nyumba, bampala wake akuwala kuposa thupi lonse.

"Che Atumani, tiyankhulane pambali," ndinatero.

"Pambali pa chiyani?" anakweza mawu kuti onse amve. "Yankhulani pompano. Ine ndilibe chobisa. Kapena mwabwera kudzatiuza kuti mwamumasula wakupha uja?"

"Chabwino, pompano. Lachinayi m'mawa munali kuti?"

"Ndinakuuzani. Ku Katuli."

"Ndi galimoto iyi?"

"Ndili ndi ina?"

"Bampalayu ndi watsopano."

"Kugula bampala ndi mlandu masiku ano?"

Ena anaseka. Ine sindinaseke.

"Tulutsani foni yanu, mutsegule mapu aja amene amakuuzani za makamera."

Apa ndiye anasintha. Anayamba kufunsa ngati ndili ndi chilolezo, ngati ndikudziwa kuti pano ndi pamaliro, ngati Akhristu sitiphunzitsidwa ulemu. Amene anamudula ndi a Muhammad, mchimwene wa malemuyo, nkhalamba yowonda imene inakhala pafupi ndi shehe.

"Mwati mulibe chobisa, akamwini. Tsegulani."

Anatsegula. Ndinamulanda foniyo n'kuikweza. Pamwamba panali dzina lija, Che Subira, ndi kachisoti kake. M'munsi munali uthenga umene mapu amatumiza kwa wochenjeza anzake. Ndinauwerenga mokweza m'Chichewa kuti ndi amayi omwe amve: madalaivala akukuthokozani chifukwa cha kamera imene munaika Lachinayi.

"Kamera imeneyo munaiika pa bwemba," ndinatero, ndikuonetsa a Muhammad chithunzi cha Trevor. "Foni imaika chizindikiro pamene yaima iyoyo. Katuli ali kutsidya kwa Shire, bwemba ali tsidya lino. Tiuzeni, bambo, dzanja lanu ndi lalitali bwanji?"

"Foni ndinabwereka mnzanga."

"Dzina lake?"

Anatembenukira kumsewu ngati mnzakeyo atulukira kumeneko.

"Ndipo mnzanuyo mumamubwereka Lachinayi lililonse, pochokera ku Chembe?"

Pakhonde panamveka mawu a mayi mmodzi. Anali Rahma, mkazi wa Atumani, mwana wa malemuyo. "Lachitatu lililonse amati akukagona ku Katuli," anatero, osayang'ana munthu.

Za ku Chembe sindinazifunse, imeneyo ndi nkhani ya ankhoswe. Koma zinandionetsa chifukwa chimene munthuyu sakanaimira. Akanaima, akanayenera kufotokoza chimene ankachita pamsewu umenewo.

Atumani anakhala pansi, pafumbi, ndi mkanjo wake woyerawo.

"Ndinkangothandiza anzanga," anatero. "Tonse timatero. Ndinangoyang'ana pansi kamodzi. Wallahi sindinadziwe kuti ndi iwo. Ndinaona nsalu chabe. Ndinadzamva masana kuti ndi amayi."

"Mukanadziwa kuti ndi apongozi anu mukanaima?" Ndinakweza mawu mwaukali, ndipo sindinawabweze. "Ndiye wa eni ake ndi woti afere m'ngalande? Munali ndi nthawi yochenjeza anthu osawadziwa kuti asalipe chindapusa, koma yobwerera kukaona amene mwamugunda munalibe. Kenako mwabwera pageti langa kudzapempha mwana wa mnzanu kuti mumuotche. Mulibe manyazi, bambo inu."

Pamikeka panayamba chipwirikiti, amuna akuimirira. Anyamata aja anatulukira kuseri kwa bafa, zigubu zili m'manja, ndipo tsopano sankayang'ananso njira ya kwa Swadick. Zinandiwawa kuti munthu ameneyu ndiyenera kumutchinga ndi thupi langa, koma ntchito ndi ntchito. Ndinamumanga maunyolo, Basil n'kuima kutsogolo kwake.

"Woyamba kutsegula chigubu akagona chipinda chimodzi ndi ameneyu," ndinatero. "Petuloyo kathireni m'njinga zanu. Swadick akutuluka lero, ndipo khitchini yake mukamanga ndinu. Nkhope zanu ndaziona."

A Muhammad anakweza ndodo yawo, anyamatawo n'kutsitsa zigubu.

Tikumukokera kugalimoto, Rahma anatsika pakhonde. Amayi anayesa kumugwira, iye anawachotsa manja. Sankalira. Anayenda mpaka kuima patsogolo pa mwamuna wake.

"Munati ndi mbuzi," anatero.

Atumani anayang'ana pansi.

"Munafika Lachinayi muli thukuta, munati mwagunda mbuzi panjira ya ku Katuli. Munati nditsuke galimoto msanga magazi asanaume, eni ake angatilondole."

Rahma anatembenukira kwa ine, atatambasula manja ake awiri ngati akufuna kuti ndiwatenge.

"Ndinatsuka, a Sajeni. Ndinachita kukwecha ndi sopo mpaka kunayera. Madzi ake ndinakathira pa nthochi kuseriko."